MBIRI YA KULANKHULA NDI MANJA

Anthu a ku Malambo, m'maiko a Mafumu Nsefu, Jumbe, Kakumbi, Mnkhanya, Malama ndi Msoro, adziwa kuti mlenje akayandikira njobvu saturutsa liu. Auza mnzace ndi dzanja kuti aime kapena awerame, ndipo mnzaceyo amva. Koma panapita zaka zambiri aphunzitsi asanabvomere kuti manja omwewo angathe kuphunzitsa mwana.

M'caka ca 1880 aphunzitsi a ana ogontha anasonkhana mu mzinda wa Milan ku Italy. Anapangana kuti ana aleke zizindikiro za manja, aziphunzira kuwerenga milomo ndi kuyesa kulankhula. Anaopa kuti mwana wozolowera manja adzacita ulesi ndi lilime. Cipangano cimeneci cinalamulira masukulu ambiri kwa zaka pafupi 80, kufikira 1960 pamene William Stokoe wa ku Gallaudet College ku America anasonyeza kuti kulankhula kwa manja ndi cinenero ceniceni cokhala ndi malamulo ace.

M'dziko la Zambia nchito ya ana olemala inayambira kum'mawa, kumtunda kwa cigwa ca Luangwa. A Mishoni ya Dutch Reformed anamanga Magwero pafupi ndi Fort Jameson, amene tsopano ndi Chipata, m'caka ca 1899. Mu 1905 Dona Issie Hofmeyr anayamba kuphunzitsa akhungu komweko, ndipo mu 1955 Ella Botes anatsegula sukulu ya ogontha, yoyamba m'dziko lonse. Boma linatenga udindo wa maphunziro a ana olemala mu 1971.

Koma alipo ana ena amene makutu ao ali bwino, komabe salankhula, kapena abwereza mau okha-okha amene amva. Akaitanidwa saceuka, sakonda kuyang'ana munthu m'maso, ndipo abvutika kwambiri zinthu zikasinthika pakhomo. M'midzi ana otere kawiri-kawiri anayesedwa olodzedwa kapena amwano. Dotolo Leo Kanner wa ku Baltimore ndiye analongosola mkhalidwe umenewu mu 1943, atapenyetsetsa ana 11, ndipo dzina lace ndi autism. Mwana abadwa nao. Sucokera kwa mfiti kapena ku kulakwa kwa amai ace.

Ca m'ma 1970 Margaret Creedon wa ku Chicago anayesa kuphunzitsa ana otere ndi manja a ogontha, nanena liu ndi kucita cizindikiro cace nthawi imodzi. Ku England Margaret Walker ndi anzace anakonza njira yonga yomweyo yochedwa Makaton. Ana ena amene anali asananenepo kanthu anayamba kupempha cakudya ndi madzi.

Cifukwa cace cimveka. Liu likaturuka m'kamwa lapita, koma dzanja lingaime m'malere kufikira mwana aliona bwino. Ndiponso kholo silingagwire lilime la mwana kuti lilisonyeze mayendedwe, koma zala lingazigwire ndi kuzipinda. Mantha a ku Milan aja anapezeka opanda maziko: ofufuza anaona kuti manja saletsa kulankhula, ndipo kwa ana ena mau amadza pambuyo pa zizindikiro. Si onse athandizidwa motero. Ena zala ziwabvuta kutsanzira, ndipo iwo acita bwino ndi zithunzi, monga mwa njira imene Andy Bondy ndi Lori Frost anayamba ku Delaware mu 1985.

Lamulo la Zambia la anthu olemala la 2012 licula cinenero ca manja pakati pa njira zoyenera zolankhulira. Komabe lamulo siliwoloka mtsinje wa Lupande m'dzinja pamene miseu yadulidwa ndi madzi. Cimene banja la kumudzi liri naco ndi manja ace. Odziwa alangiza kuyamba ndi zinthu ziwiri kapena zitatu zimene mwana azikonda, monga madzi ndi nsima, kunena liu pamodzi ndi cizindikiro, ndi kumpatsa cinthuco msanga akayesa. Agogo, atate ndi abale onse acite cizindikiro cimodzi-modzi. Pang'ono-pang'ono ndi mtolo, ndipo mwana wokhoza kupempha madzi safunikanso kukuwa kuti amveke.