Mchongoano: chipongwe chosakwiyitsa cha ku Nairobi

Mchongoano ndi mawu a ku Nairobi otanthauza mpikisano wonyogodolana mwanthabwala. Anachokera ku mneni wa Chiswahili woti kuchongoa, kutanthauza kusongola. Kachidutswa ka "-ana" kali m'katimo n'komwe kali mu "kusekana" kwathuku: uwu ndi mchezo wa anthu awiri, wina akaponya mnzake abweze.

Nthawi zambiri amauchita mu Sheng, chiyankhulo cha achinyamata chosakaniza Chiswahili, Chingerezi ndi zinenero zina za ku Kenya, chomwe chinakulira m'makomboni a Eastlands. Anzawo amazungulira opikisana awiriwo, ndipo chiseko cha gululo ndicho chimagamula mlandu. Wina angati, "Iwe ndiwe woonda moti mvula ikamagwa umadutsa pakati pa madontho." Winayo sazengereza: "Kwanu n'kosauka moti makoswe amabwera ndi kamba wawo." Nkhani zake ndi umphawi, kuonda, kukula kwa mutu, galu wa pakhomo. Bodza lake liyenera kukula mpaka aliyense aone kuti n'zosatheka, apo ayi lasanduka mwano. Wopsa mtima ndiye wagonja.

Mmalawi sangadabwe nazo, poti asuweni amanenana zoopsa koma osasungirana kanthu kukhosi. Kusiyana kwake n'kwakuti chisuweni chimadalira ubale, pomwe mchongoano umadalira kuthwa kwa lilime basi. Ndimaukonda chifukwa mwana wosowa nsapato amatha kugonjetsa mwana wa bwana, sukulu yonse n'kumuwombera m'manja.