Ndani adzakhala fisi? Masanje ndi fodya kumalire a Lifupa

Kwa ambiri dzina la Lifupa limakumbutsa damu lomwe mvuu zimasambiramo ndi njovu zomwe zimadzamwa madzi madzulo mkati mwa nkhalango ya Kasungu. Koma dera limeneli linali ndi midzi. Ng'anjo zosungunulira chitsulo zidakalipo m'thengomo, ndipo pamiyala ina pali zojambula za anthu akale. M'chaka cha 1922 boma la atsamunda linasandutsa malowa nkhalango yotetezedwa, anthu nasamutsidwa chifukwa cha kaodzera wofalitsidwa ndi kashembe. Mu 1930 anakhala malo osungira nyama, ndipo mu 1970 paki. Pamene panali midzi panalinso ana, ndipo ana a Achewa akamaliza kukolola ankachita masanje. Mbiri ya masewera amenewa imaonetsa kuti moyo wake unali pa kuitanana, ndipo anayamba kufooka pamene kuitanako kunasowa nthawi ndi anthu oyankha.

Masanje sankayamba ndi kumanga tinyumba. Ankayamba ndi mwana mmodzi wolimba mtima amene ankazungulira m'makomo kumemeza anzake chimanga chikalowa m'nkhokwe. Akasonkhana kumunda kapena kuseri kwa mudzi, ntchito yovuta inali kugawana maudindo: uyu bambo, uyu mayi, awa ana, uyo mfumu, wina tambala woti azilira kuti kwacha dzuwa lili paliwombo, ndipo wina fisi woti azibwera kudzaba ndiwo anthu "atagona". Mikangano inkabuka pomwepo, chifukwa aliyense ankafuna ufumu ndipo ufisi unkagwera amene wachedwa kapena wamng'ono, ngakhale panali ana ena ochenjera amene ankaudziwa kukoma kwake, pakuti fisi ndiye ankadya kwambiri. Zikatha izi ndiye ankamanga tizisakasa ta mapesi, atsikana nakunkha chimanga chotsalira m'minda, anyamata napita kokumba mbewa. Nkhani ya tsikulo sinkalembedwa ndi munthu. Inkatuluka m'kamwa mwa osewerawo: mlandu wa fisi unkafika kwa mfumu, mfumu nigamula monga inaonera akuluakulu pabwalo, ndipo chigamulocho chinkasintha zonse zotsatira.

Mwambo wa nthano umatsimikiza mfundo yomweyi ya kuitanana. Wokamba akati "Padangokhala", amadikira kuti omvera ayankhe "Tilitonse", ndipo akapanda kuyankha nthano imafera pomwepo. Mawu amenewa ndi pangano: ine ndiyala dziko, inu mulowemo, muziyimba nane pofika panyimbo. Pangano lotere limapezekanso kwina. Ku America, m'chaka cha 1974, Gary Gygax ndi Dave Arneson anatulutsa masewera otchedwa Dungeons & Dragons, momwe munthu mmodzi amayala nkhani ndipo anzake amakhala anthu a m'nkhaniyo, aliyense nasankha chochita. Lero ambiri amawasewera pa intaneti, ndipo dandaulo lawo lalikulu n'lodziwika: kupeza anthu anayi kapena asanu amene angavomere kubwera tsiku limodzi, nthawi imodzi, sabata ndi sabata. Mwana wa m'midzi ya kwa Mfumu Mwase ku Kasungu amene ankagogoda m'makomo ankalimbana ndi vuto lomweli, kungoti iye nyengo inkamuthandiza.

Thandizo la nyengolo ndi limene fodya anachotsa. M'chaka cha mlimi wa chimanga muli mpata: kukolola kukatha, mpaka nthawi yososa, manja a ana amakhala omasuka. Chaka cha fodya chilibe mpata wotero. Nazale imafesedwa ndi kuthiriridwa m'chilimwe, kuwokera kumadza ndi mvula, kenako kuthyola, kusoka, kupachika m'zigafa, ndipo miyezi yomwe ija ya masanje ndiyo ya kusankha fodya ndi kudinda mabelo opita ku okushoni. Kusoka ndi kusankha ndi ntchito zimene akuluakulu ankati zimayenera tizala ta ana. Kuyambira 1970, pamene kunakhazikitsidwa bungwe la Kasungu Flue-Cured Tobacco Authority, ndi m'zaka zotsatira pamene maesiteti a Press Farming ndi General Farming anafutukuka m'chigwa cha Kasungu, malo ambiri a midzi anasanduka minda ya fodya. Ana a kum'mawa kwa paki anapezeka pakati pa malire awiri: kumadzulo nkhalango yoletsedwa kulowamo, kwinaku esiteti ya mwini wake. Chiyambire zaka za m'ma 1990, pamene alimi ang'onoang'ono analoledwa kulima bale, ntchito ya fodya inalowa m'makomo ambiri.

Panalinso nkhani ya matenanti. Mabanja ambiri ankachokera kutali, kumaboma a kummwera monga Mulanje ndi Thyolo, nakhala pa esiteti nyengo imodzi kapena ziwiri, kenako n'kusamuka. Masanje amafuna ana odziwana, odziwa kuti uje sakwiya akamusankha ufisi, uje amatha kuweruza. Mwana wofika mu Okutobala n'kuchoka fodya akagulitsidwa alibe nthawi yophunzira zimenezi, ndipo pakhomo pamene chimanga n'cha ngongole kwa bwana palibe mayi amene angatape ufa kupatsa mwana kuti akaseweretse. Kafukufuku wa bungwe la Plan wa 2009, amene anafika ku Kasungu, anapeza ana akugwira ntchito ya fodya maola ochuluka pa tsiku. Mwana wotero ngakhale umuitane sangayankhe.

Wina anganene kuti ndikunamizira fodya, pakuti masanje achepa ngakhale kumene fodya salimidwa, ndipo zowapha zenizeni ndi sukulu, wailesi, mavidiyo ndi mafoni. Pali choona apa. Maphunziro aulere a pulayimale atayamba mu 1994 ana ochuluka analowa m'kalasi, ndipo tsiku lawo linagawika. Koma sukulu ili ndi tchuthi, ili ndi Loweruka, ndipo imasonkhanitsa ana amsinkhu umodzi pamalo amodzi, chomwe chimachititsa kuitanana kukhala kosavuta. Kanema wa pamsika amakopa mwana amene ali ndi nthawi; fodya amalanda nthawiyo. Ku Kasungu kulandako kunayamba zaka makumi angapo foni isanafike m'thumba la aliyense, choncho sitingapatse foni mlandu wa mbala imene inadutsa kale.

Chitsutso chachiwiri n'cholemerapo: kuti masanje sanali masewera opeka nkhani koma sukulu ya ukwati, yophunzitsa mtsikana mphika ndi mnyamata ulamuliro, ndipo makolo ena ankawaletsa poopa zimene "bambo" ndi "mayi" okulirapo ankachita m'tizisakasa tambala asanalire. Mantha amenewo anali ndi maziko, ndipo sindikufuna kupaka masanje utoto umene analibe. Komabe akanakhala sukulu chabe, akulu ndiwo akanagawa maudindo, monga amachitira anamkungwi kuchinamwali. Ku masanje akulu sankafikako. Ankangolandira nsima yaing'ono imene ana ankabweretsa madzulo, nailawa moseka. Ndipo palibe sukulu ya ukwati imene imafuna fisi ndi tambala. Awiriwa analipo kuti nkhani iyende, mmodzi kubweretsa tsoka, mnzake kuyendetsa nthawi, ndipo anawaikamo ndi anawo.

Lamulo la ntchito litasinthidwa mu 2021 utenanti unaletsedwa m'Malawi, koma zigafa zidakali chiimire m'midzi ya m'mphepete mwa paki, ndipo mabelo amapitabe ku okushoni ya ku Chinkhoma miyezi yomwe mapesi amakhala ali mbwee m'minda.