Kodi dokumentale n'chiyani kwenikweni?

Ena akaona vidiyo ya ukwati kapena ya chinkhoswe amangoti ndi dokumentale. Si choncho ayi. Dokumentale ndi filimu yofotokoza nkhani yeniyeni ya anthu enieni, kuti woonera atolepo nzeru. Dzinali tinabwereka ku Chingelezi, koma gwero lake ndi mawu a Chilatini akuti docere, kutanthauza kuphunzitsa. Wojambula akatha miyezi ali ndi asodzi a ku nyanja ya Chilwa, n'kuonetsa mmene amavutikira madzi akaphwa, apo ndiye mawuwa agwera m'malo mwake.

Anatchukitsa mawu akuti dokumentale ndi John Grierson wa ku Scotland mu 1926, polemba za Moana, filimu ya Robert Flaherty. Komatu Flaherty amakumbukiridwa kwambiri ndi Nanook of the North ya mu 1922, yonena za Ainuit a kumpoto kwa Quebec ku Canada.

Filimuyi ndi yokoma, koma ili ndi chilema chachikulu. Dzina lenileni la Nanook, bambo amene filimuyi imamutsatira, linali Allakariallak. Mayi amene anaonetsedwa ngati mkazi wake sanali mkazi wake. Bamboyu ankasaka ndi mfuti, koma Flaherty anamugwiritsa mkondo wa makolo, ndipo oonera ku America ndi ku Ulaya anakhulupirira kuti Ainuit sadziwa za makono. Ojambula mpaka lero amatsutsanabe ngati filimu yokonzedwa chonchi ikuyenera kutchedwa dokumentale.