Ndani adzalemba mbiri ya opanga mafilimu athu?

Anzanga, tonse tinakulira mu vidiyo sho, kaya pano pa Kanyenda kaya pa Dwangwa. Mayina a Rambo ndi Jet Li timawatchula ngati a azibale athu. Koma ndikufunseni: amene anakonza filimuyo, amene ankauza ochita sewero poima ndi zoti anene, ndani? Ambiri tingokanda mutu basi.

Kanema sanabwere dzulo m'dziko muno. Mu 1948 atsamunda anakhazikitsa Central African Film Unit ku Salisbury, komwe lero ndi Harare, kuti izipangira mafilimu anthu akuda a ku Nyasaland ndi ma Rhodesia awiri aja. Ambiri anali olangiza: lima motere, sunga ndalama, mvera boma. Ankayenda nawo pa galimoto m'midzi, kukunga chinsalu pabwalo, anthu n'kuonera usiku. Bungweli linatha limodzi ndi chitaganya mu 1963. Agogo anga amakumbukira galimoto ya kanema ya nthawi ya Kamuzu, koma za chitaganya akuti anali adakali kumbuyo kwa mayi awo.

Nkhani imeneyi tikuidziwa chifukwa ena anakhala pansi n'kulemba. Mmodzi ndi a David Kerr, Mngelezi amene anaphunzitsa zaka zambiri ku Chancellor College ku Zomba. Anafufuza za mafilimu a atsamunda ku Nyasaland ndi Northern Rhodesia, ndipo mu 1995 anatulutsa buku la African Popular Theatre.

Nanga athu a lero? TVM inayamba mu 1999, mochedwa zedi. A Shemu Joyah, amene ntchito yawo yeniyeni ndi yoyeza malo, anatulutsa Seasons of a Life mu 2008, The Last Fishing Boat mu 2012 ndi The Road to Sunrise mu 2017. Yachiwiriyo ndi ya msodzi wa pa nyanja yathu yomweyi amene nsomba zikumuthera. Mukaionera mudzati akunena malume anu. Mayi Joyce Mhango Chavula anapambana mphoto ya AMVCA ku Nigeria mu 2016 ndi filimu ya Lilongwe. Koma ndalama anazipeza bwanji, anagwa kangati, anawaphunzitsa ndani? Zimenezi zangomwazikana m'manyuzipepala ndi pa Facebook.

Ndiye tamvani za mkulu wina wa ku Spain, Max Aub. Anabadwira ku Paris mu 1903, n'kukulira ku Valencia. Nkhondo yapachiweniweni itatha, Franco atalanda boma, iye anathawira ku France, komwe anamutsekera m'misasa ya akaidi, mpaka anakafika ku Mexico mu 1942. Kumeneko kunakhalanso mnzake Luis Buñuel, katswiri wa mafilimu, uja anapambana ku Cannes ndi Viridiana mu 1961, filimu imene boma la Franco linaletsa. Atakalamba, Aub anaganiza zolemba za moyo wa mnzakeyo. Ananyamula tepi rekoda n'kuyamba kufunsa: Buñuel mwini, abale ake, anzake a paubwana, ogwira naye ntchito. Mu 1969 anapondanso ku Spain patatha zaka 30, ntchito yake yomweyo. Chimene chimandisangalatsa n'choti sanakhutire ndi mawu a mwini nkhani. Munthu akamasimba za iye yekha amathirako mchere, si choncho?

Aub anamwalira mu 1972 bukulo asanamalize. Zokambirana zija zinasindikizidwa patatha zaka zoposa khumi, Buñuel nayenso atamwalira mu 1983. Akanazengereza zaka zitatu zokha, matepi aja sakanakhalapo.

Ife tepi rekoda tili nayo m'thumba. Loweruka lino tikakumana ku kalabu, aliyense abwere ndi foni yatchaji komanso dzina la gogo mmodzi amene anaonerapo kanema wa pabwalo. Tiyambire kwa agogo anga. Avomera kale, bola tipite mamawa asanapite kudimba.