BÓBRKA: MUDZI WA MGODI WAKALE WA MAFUTA

Kumwera ca kum'mawa kwa dziko la Poland, ku Ulaya, kuli mudzi waung'ono dzina lace Bóbrka. Uli m'tsinde mwa mapiri a Carpathia, pafupi ndi mtsinje wa Jasiołka, mailosi owerengeka kucokera ku tauni ya Krosno. Mudziwu ngwa alimi, koma mbiri yace ndi ya mgodi.

Kuyambira kale, m'nkhalango ya kumeneko munali kutuluka mafuta akuda onunkha. Eni mudzi anali kuwatunga kuti azipaka miyendo ya ngolo ndi zironda za ziweto, osadziwa kuti alikuponda pa cuma.

Amene anazindikira ndiye Ignacy Łukasiewicz, munthu wosanganiza mankhwala mu mzinda wa Lwów, umene lero uli m'dziko la Ukraine. M'caka ca 1853 iye ndi mnzace Jan Zeh anapeza njira yoyenga mafuta akudawo kuti atuluke parafini. Pa 31 July caka comweco, madokotala a pa cipatala ca Lwów anang'amba wodwala usiku, nyali ya parafini iri kuwaunikira. Tsono anthu anayamba kufuna mafuta ambiri.

M'caka ca 1854 Łukasiewicz anatsegula mgodi ku Bóbrka pamodzi ndi Tytus Trzecieski, pa malo a Karol Klobassa. Panthawiyo cigawoco cinali m'manja mwa mfumu ya ku Austria. Citsime ca Edwin Drake ku Amereka, cimene ambiri amayesa coyamba, cinabwera pambuyo, mu 1859.

Nchito yace inali yoopsya. Amuna anali kukumba zitsime ndi mapiki ndi mafosholo, nachinjiriza m'mbali ndi matabwa kuti dothi lisawagumukire. Wokumba anali kutsitsidwa m'ndowa pa cingwe, ndipo anzace pamwamba anali kupukusa makina omtumizira mpweya wabwino, pakuti pansipo panali mpweya woipa wokomola munthu ndi woyaka msanga.

Łukasiewicz anaona kuti mgodi umadya mphamvu za anthu. Cifukwa cace mu 1866 anakhazika thumba la ndalama la anchito, limene anali kusonkhamo pang'ono pa malipiro ao. Wodwala ndi wopweteka pa nchito anali kuthandizidwa m'thumbamo, wokalamba nayenso analandiramo kanthu, ndipo mkazi wamasiye sanasiyidwe cimanjamanja. M'masiku amenewo mabwana ocita zotere anali osowa. Iye anamwalira mu 1882, naikidwa ku Zręcin, mudzi woyandikana nao.

M'caka ca 1961 pa mgodipo anakhazikapo nyumba yosungiramo zinthu zakale. Zitsime ziwiri zokumbidwa ndi manja, Franek ca m'ma 1860 ndi Janina ca 1878, zikalipo, ndipo alendo amasuzumiramo naona mafuta pansi.

Nyali ya parafini yafika m'midzi ndi m'makomboni a maiko ambiri. Koma cimene munthu wa pa mgodi angakumbukire koposa za Bóbrka ndi thumba lija, pakuti kumeneko wokumba atadwala sanatayidwe ngati khasu lakutha.