Woperekeza mkwatibwi apereke zingati? Tiyeni tifunse mbiri yakale

 Tikangomaliza kukolola maukwati amayamba kuchuluka, ndipo pali funso limene atsikana amene ndinawaphunzitsa amakonda kundifunsa. Amati, "Aphunzitsi, mnzanga wandisankha kuti ndikhale bridesmaid. Diresi ndasoketsa kale, nsapato ndagula. Nanga mphatso ikhale ya ndalama zingati kuti ndisachite manyazi?" Ena amafika potenga katapila chifukwa cha nkhani imeneyi. Ine ntchito yanga mukuidziwa, ndi kufunsa kumene chinthu chinachokera. Ndiye tiyeni tibwerere m'mbuyo pang'ono.

Pa ukwati wa makolo athu a Chichewa panalibe mzere wa atsikana ovala zofanana. Eni nkhani anali ankhoswe, amalume a mbali zonse ziwiri, amene ankamanga banja ndi kukhala okonzeka kudzaweruza likayamba kugwedezeka. Mphatso zinalipo, koma zinali zida zogwirira ntchito. Mpaka lero pa chinkhoswe timaona akuchimuna akupereka tambala, akuchikazi napereka thadzi. Mwamuna amalandira khasu ndi nkhwangwa, mkazi amalandira lichero, mthiko ndi chipande. Palibe amene ankafunsa mtengo wa lichero. Munthu amene tingamuyerekeze ndi woperekeza mkwatibwi wa masiku ano ndi phungu wa kuchinamwali, uja amakhala pafupi ndi namwali, kumusamalira ndi kumukumbutsa mwambo wa anamkungwi. Taonani bwino apa. Phungu ankagwira ntchito, ndipo eni mwana ndi amene ankamuthokoza. Sankamulipiritsa.

Diresi loyera ndi mzere wa atsikana zinabwera ndi Azungu. Pa 10 February 1840, Mfumukazi Victoria ya ku Britain inakwatiwa ndi Prince Albert mu mzinda wa London. Inavala diresi loyera, ndipo kuchokera pamenepo akazi ambiri a kumeneko anayamba kutengera. Inali ndi atsikana 12 oiperekeza, amene ntchito yawo inali kunyamula mchira wa diresi lija. Mwambo utatha, aliyense wa atsikanawo anapatsidwa kachipini ka mtengo wapatali kobaya pachifuwa, kopangidwa ngati chiwombankhanga. Ndikubwerezanso kuti a Fomu 4 akale amve: mkwatibwi ndi amene anapereka mphatso kwa omuperekeza. Ameneyu ndi Victoria yemwe uja dzina lake lili pa msewu waukulu wa mu mzinda wa Blantyre, ndipo dziko lino linalowa m'manja mwa Britain mu 1891 iye akadali pa mpando.

Ukwati woterewu unafika kuno kudzera m'mamishoni. A Livingstonia anafika mu 1875, a Blantyre mu 1876, a Dutch Reformed anakhazikika ku Mvera mu 1889. Boma la atsamunda linaika lamulo lake la maukwati mu 1902. Kwa aphunzitsi, makalaliki ndi akulu ampingo oyambirira, "ukwati woyera" unali chizindikiro chakuti munthu ndi wophunzira komanso Mkhristu weniweni. Yang'anani chithunzi chotchuka chija cha John Chilembwe ndi mkazi wake Ida, muone mmene mayiwo anavalira. Ku Providence Industrial Mission, imene Chilembwe anayambitsa ku Chiradzulu mu 1900, amayi ankaphunzira kusoka, chifukwa kuvala bwino kunali njira youzira Mzungu kuti ifenso ndife anthu. Choncho sindinyoza diresi loyera ayi. Lili ndi mbiri yake ya ulemu.

Nanga perekaniperekani? Ameneyu ndi wathuwathu. Mmene ndimaonera ine, ndi mwana wa kufupa, kuja timachita munthu akavina bwino kapena namwali akatuluka m'tsimba. Ndalama zitayamba kuyenda m'midzi, makamaka zochokera kwa abambo amene ankapita ku Joni ndi ku Halale, kufupa kunalowa m'holo ya ukwati. Ubwino wake unali wakuti mudzi wonse unkanyamulira limodzi katundu wa banja latsopano, wina kakobiri, wina nkhuku, wina dengu la ufa. Munthu mmodzi sankasenza yekha.

Pamwamba pa zonsezi panadzabwera za ku America. Kumeneko ndi kumene bridal shower inatchuka, kumapeto kwa zaka za m'ma 1800, ndipo kumenekonso nchizolowezi kuti woperekeza mkwatibwi azidzigulira yekha diresi. Ife tinazitola m'mafilimu ndi m'magazini, kenako pa intaneti. Alinso ndi kalamulo kena kosalembedwa kakuti mphatso ifanane ndi mtengo wa chakudya chimene mlendo wadya paphwando. Kameneka tisakatole chonde. Kwathu kuno mlendo sitimuwerengera nsima.

Tsono taonani zimene zachitika. Miyambo itatu, wa makolo, wa ku Britain ndi wa ku America, yonse taiunjika pamutu pa mtsikana mmodzi. Kwa Angerezi tinatengako ntchito yoperekeza, koma kachipini kothokozera kaja tinakasiya ku London. Kwa Amereka tinatengako zodzigulira diresi ndi shower. Kwathu tinasunga chinkhoswe ndi perekaniperekani, ndipo a MC saiwala kuitana "onse a bridal party" kuti abwere kutsogolo, mwina kawiri kapena katatu. Mtsikana yemweyo alipire nsalu ndi telala, nsapato, tsitsi, zodzola kumaso, minibasi yopita kokaphunzira magule kwa milungu ingapo, nsalu ina ya chinkhoswe, khadi la shower. Akamaliza zonsezo afunsenso za mphatso. Ambiri mwa ana amenewa angoyamba kumene ntchito, ena akadali ku koleji, ena akulipirira azing'ono awo fizi.

Chifukwa chiyani sinditchula nambala? Chifukwa mbiri ya kwacha yathu siyilola. Kwacha inayamba mu 1971, ndipo nthawi imeneyo K2 inkasinthidwa ndi paundi imodzi. Anzanga achikulire mukukumbukira nthawi imene munthu akaponya K20 m'lichero anthu ankaimba nthungululu. Pepala la K1,000 linatuluka mu 2012, la K2,000 mu 2016, la K5,000 mu 2022. Kwacha inagwetsedwa ndi 25 peresenti mu May 2022, kenako ndi 44 peresenti mu November 2023. Nditati nditchule nambala lero, chaka chamawa mudzandiseka. Ndiponso malipiro a mphunzitsi wa ku pulayimale ndi a mtsikana wa ku banki si amodzi, ngakhale onse avale diresi lofanana.

Zimene ndimawauza ana anga ndi izi. Tenga pepala, ulembe zonse zimene wawononga kale pa ukwatiwo kuyambira tsiku limene unavomera. Ndalama zimenezo ndi mphatso kale, ndipo mkwatibwi wanzeru amadziwa. Zikaposa theka la malipiro ako a pamwezi, wakwanitsa, usawonjezere kanthu kolemera. Sintha ndalama pang'ono zikhale zing'onozing'ono za perekaniperekani kuti ukaitanidwa uvine momasuka, basi. Ngati mtima ukufunabe kupereka chinthu chooneka, kambiranani nonse a pamzere musonkhe mugule chimodzi chimene banjalo lidzagwiritse ntchito, kaya mapoto, kaya bulangete labwino, monga ankachitira makolo ndi khasu ndi lichero. Wina akakhala kuti alibe, dzina lake lilembedwebe pa khadi. Ndipo ukaona kuti sungakwanitse ngakhale diresi, nena msanga pamene akukupempha, usadikire kuti nsalu idulidwe. Ngongole ya katapila imatsala ndi iwe wekha, pamene eni ukwati ali kunyanja.

Mawu ena apite kwa ife aphunzitsi, poti ndife timasankhidwa kukhala apampando ndi alembi a makomiti a ukwati m'madera mwathu. Pa bajeti timalemba holo, keke, galimoto, zokongoletsa, wojambula ndi wa zoimbira. Nthawi ina mukadzagwira cholembera, wonjezerani mzere umodzi wa zothokozera operekeza. Sitingafike pa kachipini ka Victoria, koma chitenje chimodzi kwa mtsikana aliyense, kapena kumubwezera ya minibasi, komiti ikhoza kukwanitsa itangochepetsa nsanjika imodzi pa keke.