Kuchokera kwa Raymond Kufika kwa David: Mafilimu ndi Anthu a Autism

Dokotala Leo Kanner wa ku Baltimore atalemba za ana 11 mu 1943, n'kutchula vuto lawo kuti autism, ambiri ankaliona ngati la ana okha. Zoti anawo akakula adzakhala kuti sizinkafunsidwa, poti ambiri ankangotsekeredwa m'nyumba zosungiramo anthu olumala. Opanga mafilimu atayamba kuonetsa anthuwa ali akuluakulu, anawaikira mtengo woti alipire: kuti owonera akukonde, uyenera kukhala ndi luso lodabwitsa. Mbiri ya mafilimuwa ndi ya mmene mtengowo watsikira, ndipo watsika mochedwa.

Amene anakhazikitsa mwambowu ndi Rain Man ya 1988, imene inapata mphoto zinayi za Oscar. Timitengo totokosera m'mano titatayikira pansi m'nyumba yodyera, Raymond Babbitt, yemwe anamusewera ndi Dustin Hoffman, akungoyang'ana kamodzi n'kunena kuti tilipo 246. Mng'ono wake Charlie akuona pomwepo poyambira, n'kupita naye ku Las Vegas kukatchova njuga. Koma taonani mathero ake: Charlie wasanduka munthu wachifundo, pomwe Raymond akukwera sitima kubwerera ku Walbrook, komwe ankasungidwa. Ulendo wonsewo unapindulira wina. Chodabwitsa n'choti Kim Peek, munthu amene olemba filimuyi anatengerako nzeru, madokotala anadzaona pambuyo pake kuti vuto lake linali lina, osati autism.

Kutsika kwa mtengowo sikunayambire ku Hollywood. Nyumba zosungiramo anthu zinkatsekedwa, ndipo mu 1994 buku la madokotala a maganizo a ku America linawonjezera Asperger syndrome, zomwe zinachititsa kuti anthu oyankhula bwino, ophunzira ndi ogwira ntchito nawonso awerengedwe. Apa m'pamene mnyamata kapena mtsikana wofuna kudziimira payekha analowa m'kanema. Mu Adam ya 2009, bambo atamwalira, mnyamata akutaya ntchito ndi chibwenzi chomwe, koma akusamuka yekha ku New York kupita ku California kukagwira ntchito yokhudza nyenyezi. Mu Please Stand By ya 2017, Wendy akuzemba panyumba yomwe amasamalidwa ku San Francisco kuti akapereke yekha ku Los Angeles nkhani ya Star Trek imene walembera mpikisano. Mpikisanowo sapambana, komabe mkulu wake akumulandira pakhomo n'kumupatsa mwana kuti amunyamule. Lusolo likadalipo, koma silikugulanso malo a munthu pakati pa abale ake.

Ena anganene kuti kudzudzula Rain Man n'kusayamika, chifukwa inadziwitsa anthu miyandamiyanda dzina la vutoli, ndipo filimu yopanda chodabwitsa siikopa ogula matikiti. Mbali yoyambayo ndi yoona. Koma anthu a autism a luso lotere ndi ochepa, ndiye chidziwitsocho chinasiya ambiri akufunsidwa kuti luso lawo n'chiyani, ngati kuti wopanda luso alibe nkhani. Mbali yachiwiriyo inatsutsidwa ndi Keep the Change ya Rachel Israel, imene inapambana pa chikondwerero cha Tribeca mu 2017. Osewera ake akuluakulu, Brandon Polansky ndi Samantha Elisofon, ali ndi autism iwo eni. David, amene akuseweredwa ndi Polansky, sawerenga timitengo; amangonena nthabwala zonyansa, amakana kuti ndi wofanana ndi anzake a m'gulu la anthu a autism, ndipo amafuna chibwenzi.

Sikuti nkhondoyo inatha. Mu 2021 woimba Sia anapepesa chifukwa cha Music, filimu imene inapatsa gawo lalikulu la munthu wa autism kwa mtsikana wopanda autism, n'kuonetsanso munthu akupanikizidwa pansi ngati njira yomutontholetsera. Anthu amene anamukakamiza kupepesa anali a autism eniake, polemba pa intaneti, ndipo mu 1988 mawu oterowo analibe potulukira.